Mabatire Naini a M'katoni

4 Malichi

Okondedwa Ababa,

Ndikhulupirira kuti muli bwino pamodzi ndi Amayi ndi mdzukulu wanu. Maso aja akukuvutitsanibe? Ine kuno ndili bwino, kungoti mphepo yake imang'amba milomo.

Ndiyambe ndi nkhani imene ndakhala ndikuizemba pafoni. Ntchito yochapa nsalu kuhotela ija inatha mu Januwale. Sindinakuuzeni chifukwa ndimati ndiyambe ndapeza ina. Momwe inathera tidzakamba pamaso. Panopa ndikusesa ndi kulandira anthu pa kashopu kokonza malaputopu, m'chinyumba chosanja chodzaza ndi timashopu. Kathu kali pakona, pakati pa wodula makiyi ndi wogulitsa zikwama. Mkati mwake anthu atatu sangapatukirane.

Ndalemba kalata m'malo moimba chifukwa zimene ndaona sizingakwane mu mayunitsi. Amayi, muwawerengere pang'onopang'ono.

Ababa, zaka zonse zija munkatsegula mawailesi a anthu ine nditakugwirirani tochi, munayamba mwaonapo mkati mwa batire la laputopu? Ine ndinkayesa kuti ndi chinthu chimodzi cholimba ngati njerwa. Ayi ndithu. Ukang'amba chipulasitiki chakunjacho umapeza miyala sikisi, yokulirapo pang'ono kuposa ya tochi, yogonekedwa iwiriiwiri. Pambali pake pali kabolodi kotalika ngati chala, ndipo pakabolodipo pakhala kanthu kakuda ka miyendo yambirimbiri, ndendende nkhupakupa. Amakatcha tchipi.

Wokonza mabatire pano ndi bambo wina wachikulire amene aliyense amangowatcha a Mphuno. Ndinkayesa kuti mwina mphuno yawo ndi yaikulu, koma ndi yabwinobwino. Nkhani yake ndi yakuti batire lililonse likabwera, asanaligunde ndi mita yoyezera moto, amayamba alinunkhiza. Akamva kafungo kotsekemera ngati ka mankhwala ochotsera penti wa m'zikhadabo, amangolikwirira mu ndowa ya mchenga imene imakhala pansi pa tebulo.

Dzulo ndikusesa ndinaima kumbuyo kwawo nthawi yaitali mpaka anatembenuka.

"Tsache lathyoka?" anandifunsa.

"Ayi bambo. Ndimafuna kudziwa kuti kakudako kamagwira ntchito yanji."

"Kamawerenga."

"Kuwerenga chiyani?"

"Moto wolowa ndi wotuluka. Sesani apa, pagwa mtovu."

Basi, anathera pomwepo. Ndiye tandiuzeni Ababa, mu wailesi munalinso kanthu kowerenga? Nanga moto wa mu batire munthu angauwerenge bwanji, poti suoneka?

Kangachepe kamene ndatumiza mumugulire mdzukulu wanu nsapato, zokulirapo pang'ono kuti zimukhalitse. Malata a kukhitchini adikire kaye.

Ndine mwana wanu.

9 Epulo

Okondedwa Ababa,

Kalata yanu yafika, ndipo ndasangalala kumva kuti nonse muli bwino. Zilembo zikuluzikulu za kumapetoko ndazizindikira kuti ndi zanu. Ine ndilipo, chimfine chinangondigwira masiku atatu n'kundisiya.

Mwafunsa kuti ngati mkatimo muli miyala chabe, bwanji anthu osangosintha yakufayo n'kupitiriza? Ababa, ine ndinaganiza chimodzimodzi, ndipo ndinachita manyazi nazo.

Tsiku lina masana kulibe anthu, a Mphuno anandiponyera batire lotayidwa, amvekere, "Poti maso anu sachoka pano, seweretsani ili." Ndinayeza miyala yonse ndi mita, ndinapeza iwiri yakufa. Ndinachotsa mawaya onse, kuika miyala ina, kuwotcherera bwinobwino monga munkachitira inu. Kulilowetsa mu laputopu, zii. Kuyeza miyala, yonse ili ndi moto. Kulilowetsanso, zii.

Ndi tsiku limenelo ndinaona mano a a Mphuno koyamba.

"Mwakakwiyitsa," anatero akuloza tchipi.

Akuti kanthuka kakangoona kuti moto wakathera mwadzidzidzi, kapena mawaya achotsedwa mosokoneza, kamaganiza kuti kwagwa ngozi. Kamadzitsekera mkati, ndipo kena kamawotcha dala fyuzi yake kuti batirelo lisadzagwirenso ntchito. Ndiye posintha miyala umayenera kukapatsa moto wapambali, ngati wodwala amene ali pa diripi, kuti kasazindikire kuti mukuchitika zinthu. Pobwezera mawaya umayamba wa pansi, kukwera mmodzimmodzi mpaka wa pamwamba.

Kenako anatulutsa kabokosi kokhala ndi timawaya titatu, kulumikiza kubatire, mbali inayo kukompyuta. Ababa, ndinagwira pakamwa. Kanthu kakang'ono kaja kanaulula zonse pagalasi: tsiku limene batirelo linapangidwa, kuti latchajidwa ka 612, moto umene linkasunga lili latsopano, umene likusunga lero, ngakhale kutentha kwa tsiku limene linatenthetsetsa pa moyo wake wonse. Kuwerenga aliyense angawerenge. Koma kuti ukatsegule kapena kusintha zimene kalemba, pamafunika nambala yachinsinsi, ndipo nambalayo a Mphuno amaisunga m'mutu.

Asanataye batire langa lija anayang'anitsitsa pamene ndinawotcherera.

"Anakuphunzitsani ndani?"

"Bambo anga. Ankakonza mawailesi."

"Ali ndi dzanja," anatero. Ndati ndikuuzeni, chifukwa bambo amenewa sayamikira ngakhale tiyi.

Abwana, eni shopu, avomera kuti ndizithandiza patebulo, bola pansi pakhale poyera. Atinso za mapepala anga ogwirira ntchito ndisade nazo nkhawa, nthawi yake ikakwana adzasaina.

Kumene ndinkagona kuja ndinasamukako. Makalata muzitumiza kushopu. Chipinda cha panopa ndi chaching'ono koma chitseko chake chimakhomeka.

Amayi, mwana asamapite kusukulu wopanda juzi, chifuwa chake mukuchidziwa.

Ndine mwana wanu.

2 Juni

Okondedwa Ababa,

Moni kwa nonse. Ndamva kuti Amayi mwendo unawavuta, apeza bwanji? Musawalole kunyamula madzi. Ine ndili bwino.

Lero ndili ndi nkhani imene muikonde. Pali mayi wina amene amakhala pansi pa masitepe a chinyumba chathuchi ndi katebulo kake, kutayipira anthu makalata ofunsira ntchito ndi odandaula. Timangowatcha mayi wotayipa. Anabwera atakwiya, laputopu kukhwapa.

"Chinthu ichi ndi chabodza," anatero. "Chimati moto watsala 40 peresenti, ine n'kumatayipa mtima uli m'malo, kenako phi! Dzulo chandithimira kalata ya munthu ili pakati, munthu wake wolira kale."

Abwana anati agule batire latsopano. A Mphuno analinunkhiza, kuliyeza, n'kunena kuti miyala ilibe vuto, yangokalamba mofanana. Wasokonezeka ndi tchipi. Ndiye anandipatsa ine kuti ndikaphunzitsenso.

Apa mpamene ndinamvetsa funso lathu lija la kuwerenga moto. Tchipi sikasuzumira m'miyala ngati mmene timasuzumira mu mgolo kuona madzi. Kamangoima pakhomo, kuwerenga zolowa ndi zotuluka, monga kondakitala amene sayang'ana m'basi koma amangosunga m'mutu kuti akwera angati, atsika angati. Akaphonya mmodzi lero, wina mawa, pakutha pa chaka adzakuuzani kuti m'basi muli anthu khumi pamene mwatsala dalaivala yekha. Chinanso, miyala ikamakalamba imasunga moto wochepa, koma tchipi kamaganizabe za kukula kwa kale.

Kukaphunzitsa kwake n'kosavuta koma kumafuna mtima. Umatchaja mpaka kudzaziratu, n'kulisiya lipume. Kenako umalikama pang'onopang'ono ndi kababu mpaka lithime lokha. Umalisiya maola asanu osalikhudza. Ukatero umatchajanso mpaka kudzaza, osadukiza ngakhale kamodzi. Pamenepo kamakhala kaona kokha pamene pali pansi ndi pamene pali pamwamba.

Ndikudziwa mufunsa za maola asanuwo. Inenso ndinafunsa. Akuti mwala ukangochoka pa ntchito umaonetsa nambala yosakhala yake, ngati munthu amene wangothamanga kumene ukamuyeza mtima. Uyenera kudikira kuti ukhazikike.

Tsiku lachiwiri ndili pakati pa kutchaja komaliza magetsi anathima mphindi khumi. Ndinafuna kulira. Tinayambiranso poyambirira. Mayi wotayipa ankabwera masana aliwonse kudzafunsa ngati wodwala wawo watsitsimuka, abwana nawo akung'ung'udza kuti tebulo ladzaza ndi ntchito yosadyetsa.

Lachisanu ndinawabwezera mayi aja batire lawo. Ndinawauza kuti lizikhala ola limodzi ndi mphindi makumi asanu.

"Ndiye simunawonjezere moto?"

"Ayi mayi. Koma likati kwatsala mphindi khumi, ndiye kuti kwatsaladi khumi."

Anakhala pomwepo ndi wotchi kuliyesa mpaka linathima. Linaphonya ndi mphindi zitatu zokha. Kuyambira tsiku limenelo amandisungira mpando pa nthawi ya nkhomaliro.

A Mphuno masiku ano manja akumanjenjemera, ndiye zowotcherera zambiri akumandisiyira ine. Iwo amati ndi kuzizira.

Ndine mwana wanu.

14 Julayi

Okondedwa Ababa,

Ndikhulupirira muli bwino nonse. Ndakondwa kumva kuti mdzukulu wanu wakhoza bwino masamu. Mumuuze kuti amayi ake anyadira. Ine thupi lili bwino.

Sabata yatha abwana anabwera ndi chikatoni cha mabatire makumi anayi, onse a mtundu umodzi, amene ofesi ina inataya. Ine ndinasangalala ngati mwana, chifukwa sindinaonepo ambiri ofanana chotero. Ndinawawerenga onse pakompyuta limodzilimodzi. Ambiri anangofa ndi ukalamba. Koma khumi ndi anayi miyala yake ikadali ndi moto, kungoti tchipi kanadzitsekera n'kuwotcha fyuzi.

Chimene chandizunguza mutu ndi ichi: onse khumi ndi anayiwo anatseka pa chifukwa chimodzi. Miyala iwiri yapakati inkatsalira m'mbuyo anzake akamadzaza, ndipo onse analemba kuti tsiku lina anatentha kupitirira madigiri 70. Bwanji yapakati yokhayokha? A Mphuno akuganiza kuti m'malaputopu amenewo mbali yotentha kwambiri inkagundana ndi pakati pa batire, ndiye miyala iwiriyo yakhala ikuphikidwa pang'onopang'ono zaka zitatu. Inu mukuona bwanji? M'mawailesi munkapezanso chinthu chofera malo amodzimodzi?

Lachitatu kunali mawu pashopu. Abwana akufuna kuti khumi ndi anayiwo atsegulidwe, nambala ya kutchaja ibwezedwe pa ziro, pa fyuzi padutse kawaya, kunja kumatidwe pepala latsopano.

"Ziro timalemba tikaika miyala yatsopano," anatero a Mphuno.

"Miyala yatsopano mugula ndinu? Imeneyi ili ndi moto, mwayeza nokha."

"Kanthuka sikanatseke chifukwa cha misala. Kanaona chinachake."

"Bambo, ine ndili ndi lendi. Nambala yachinsinsi ija mulemba kapena ayi?"

A Mphuno anangovula magalasi n'kumawapukuta. Anawapukuta nthawi yaitali. Kenako abwana anatembenukira kwa ine.

"Nanga inu, poti mumakhala pambali pawo tsiku lonse, nambalayo simuidziwa?"

Ndinati ndikaone ngati madzi a tiyi awira. Ababa, zala za munthu ukaziona zikulemba chinthu chimodzi miyezi itatu, mutu umasunga wokha ngakhale usakufuna.

Mapepala anga akutha kumapeto kwa Ogasiti. Ndawakumbutsa abwana kawiri. Akuti tikambirana.

Za malata aja, muwauze amisiri ayeze kaye, ndidzakuuzani mwezi wamawa.

Ndine mwana wanu.

30 Ogasiti

Okondedwa Ababa,

Moni nonse. Pepani kuti ndakhala chete. Ndili bwino.

Mapepala aja asainidwa, ndiye mtima wanu ukhale pansi. Ndatumizanso ya malata, amisiri ayambe mvula isanafike.

A Mphuno sakubweranso kuntchito kuyambira kumapeto kwa Julayi. Patebulo ndili ndekha. Magalasi awo osungira anawaiwala mu dilowa, sindinapeze mpata wokawapatsa.

Mwafunsa kuti za chikatoni chija zinatha bwanji, ndiponso mwati mwina malaputopuwo ankawaika pa nsalu yotseka mpweya. Mwina n'zoona. Sindinazifufuzenso. Ntchito yachuluka, ndikafika kunyumba ndimangogona.

Mumupsompsone mwana.

Ndine mwana wanu.

19 Seputembala

Okondedwa Ababa ndi Amayi,

Musadabwe kuona kalata yotayipa. Akundilembera ndi mayi wotayipa aja, ine ndikungoyankhula. Dzanja langa lamanja lili m'mabandeji. Ndapsa pang'ono, koma ndikupeza bwino.

(Ine wolemba ndiwonjezere: si pang'ono. Ndi zala zitatu ndi chikhatho. Koma adokotala ati zidzagwiranso ntchito, ndipo akudya bwino, ndikuonetsetsa ndine.)

Ababa, mu kalata yapita ija ndinakubisirani. Nambala ija ndinalemba. A Mphuno atakana n'kuchoka, abwana anaika mapepala anga patebulo, cholembera pamwamba, katoni pambali. Sananene zambiri, ndipo inenso sindinafunse. Pa mabatire khumi ndi anayi aja ndinatsegula khumi. Ndinafufuta zimene tchipi kanalemba, ndinabweza nambala pa ziro, pa fyuzi ndinadutsitsa kawaya. Ndinawotcherera bwino kwambiri moti munthu sangadziwe. Ndinkadziuza kuti miyala ndaiyeza, ili ndi moto, mwina a Mphuno amangoopa zinthu ndi ukalamba. Naini anagulidwa.

Lachiwiri lapitali m'mawa ndinaika lakhumi pa tchaja. Ndikupukuta galasi la kutsogolo ndinamva kafungo kotsekemera kaja. Kutembenuka, batire likuchita tsii, kautsi koyera kakutuluka pakati. Sindinaganize. Ndinaligwira n'kuliponya mu ndowa ya mchenga, ndipo linaphulika likuchoka m'dzanja langa. Ababa, moto umenewo si wa nkhuni. Umalira ngati wa owotcherera zitsulo, ndipo mwala umodzi ukatha umayatsa unzake. Tinathira mchenga wonse, wodula makiyi anabwera ndi chozimitsira moto, koma unazima pamene unafunira wokha.

Abwana atafika anayamba kuona tebulo, kenako denga, kenako ine.

Ndikuchokera kuchipatala ndinawauza kuti tiwaimbire anthu naini aja abweze mabatire. Anati limodzi kuphulika sizitanthauza kuti onse ndi oipa, ndipo ndikangoimbira munthu ndisadzapondenso pashopu. Ndinati chabwino. Ali pafoni panja, ndinatsegula dilowa ndi dzanja lamanzere n'kujambula ndi foni yanga tiziduswa ta mapepala timene timalembapo nambala ya wogula. Ndinatenganso magalasi a a Mphuno. Sindinabwererenso.

Za mapepala anga tsopano sindikudziwa, chifukwa analembedwa pa dzina la shopu imeneyo. Mayi wotayipa akuti pali njira, alemba kalata.

Chimene chikundisowetsa mtendere n'chakuti mabatire naini ali m'nyumba za anthu. Ena amatchajira pabedi. Ena ali ndi ana. Kanthu kamene kakanawateteza ndinakatseka pakamwa ndine, ndi dzanja lomwe munaliphunzitsa inu.

Mukafuna kundikalipira ndikalipireni. Mwana musamuuze za dzanjali.

Ndine mwana wanu.

11 Okutobala

Okondedwa Ababa,

Ndikhulupirira muli bwino. Dzanja likupola, layamba kuyabwa, akuti n'chizindikiro chabwino. Akulembabe ndi mayi wotayipa.

Kalata yanu ndinaiopa kuitsegula tsiku lathunthu. Amayi analemba masamba awiri a mankhwala ndi mapemphero. Inu munangolemba mzere umodzi: "Kawapeze onse naini." Ndawapeza eyiti.

Ndinayamba ndapita kwa a Mphuno ndi magalasi awo. Ndinawapeza pakhonde akukonza ketulo ya aneba. Ndinawauza zonse nditaimirira. Anamasula bandeji pang'ono, kuyang'ana, n'kunena kuti, "Mukanaligwira ndi pulayala." Kenako anasuntha ketulo kuti pakhale malo anga. Anali ndi miyala yatsopano imene ankasungira tsiku la mavuto, ndiye tinagwirizana kuti batire lililonse limene ndibweza tizisintha miyala yonse yokayikitsa, kuika fyuzi yeniyeni, kuphunzitsanso tchipi, n'kumubwezera mwini wake. Manja awo amanjenjemera, langa ndi limodzi, ndiye iwo amagwira ine n'kumawotcherera ndi lamanzere. Mukanationa mukanaseka.

Kuuza munthu kuti "batire ndinakugulitsani lija ndi loopsa, ndipatseni" si ntchito yamasewera. Bambo wina anandiyesa wakuba, mpaka ndinachita kumasula bandeji kuti aone. Mayi wina wa saluni anandinyoza pamaso pa makasitomala ake onse, ndipo mawu ake onse anali oona. Mphunzitsi wina anandipatsa mpando ndi madzi, n'kundifunsa mafunso ola lathunthu za mmene tchipi kamawerengera, mpaka ndinaiwala kuti ndabwera kudzapepesa.

Pa eyiti amenewo, asanu titawatsegula tinapeza miyala yapakati itayamba kale kuchita dzimbiri kumutu, ina yonyowa. Ndinatuluka panja kukapuma mpweya.

Latsala limodzi. Pa kapepala kake palibe nambala ya foni, abwana anangolembapo kuti "adalaivala". Ndikuwakumbukira: bambo wamtali, wa ndevu zoyamba imvi, amene ananena kuti laputopuyo agulira mwana wawo wamkazi. Madalaivala mumzinda muno ndi angati, Ababa?

Ndine mwana wanu.

6 Novembala

Okondedwa Ababa,

Moni kwa inu, Amayi ndi mdzukulu wanu. Ndamva kuti malata akhomedwa ndipo kukhitchini sikukudonthanso. Kalata ino ndalemba ndekha. Zilembo zakhota chifukwa chala chapakati sichikupindika bwino, Amayi apirire powerenga.

Adalaivala aja ndawapeza. Anandithandiza ndi wodula makiyi. Nditamufotokozera maonekedwe awo anakumbukira kuti tsiku lomwelo anawadulira kiyi wa thanki ya lole, ndipo anatchula malo amene malole opita kunja amaima, kuseri kwa msika wa matayala. Ndinapitako masiku anayi otsatizana, kufunsa lole ndi lole. Tsiku lotsatira masana ndinawaona akutsuka galasi.

Ndinawafotokozera. Anamvetsera osandidula, chinsanza chili m'manja, madzi akudontha.

"Laputopuyo kuno kulibe," anatero. "Ndinakamusiyira mwana kwathu, ulendo wa masiku atatu. Ali ku koleji."

Ndinawapempha kuti amuimbire pomwepo. Foni inaitana mpaka kuduka. Kachiwiri chimodzimodzi. Kachitatu anayankha, ndipo bambo ake anangoti, "Mvera zimene akuuze mayi awa," n'kundipatsa foni.

Ndinamufunsa kumene kuli laputopu. Anati ili pabedi, pa tchaja, waifunditsa bulangete kuti anzake a m'chipinda asaione. Iye anali panja akuchapa.

"Thamanga ukazule tchaja kukhoma. Usadule foni."

Ndinamva mapazi, chitseko, kupuma kwake.

"Ndazula. Koma ikutentha bwanji!"

"Itembenuze chafufumimba. Ukuona tizotsekera tiwiri? Kankha kakumanja mpaka kalire, kakumanzere ukagwire, ndiye ukoke batire ndi nsalu. Osati ndi dzanja, wamva? Ndi nsalu."

"Sikutuluka."

"Kankhanso. Usamenye."

Adalaivala anali atandiyandikira mpaka khutu lawo linatsala pang'ono kugunda langa.

"Latuluka. Anti, pulasitiki yake pakati yafewa, yasintha mtundu."

Ndinamuuza kuti aliike mu chitini kapena ndowa yachitsulo, alitulutse panja kutali ndi nyumba ndi udzu, alikwirire ndi mchenga wouma, asathire madzi, ndipo asalole munthu kuliyandikira. Tinadikira pafoni mpaka anati watha. Kenako anafunsa kuti nanga alembera chiyani, poti mayeso ali pafupi. Ndinamuuza kuti laputopu igwira ntchito pa magetsi popanda batire, ndipo lina likubwera.

Nditabweza foni, adalaivala anakhala pansi pa sitepe ya lole.

"Anachita zimenezi ndani?" anafunsa.

"Ndine, bambo."

"Munkadziwa?"

"Anandichenjeza. Ndinasankha kusamva."

Anayang'ana dzanja langa, n'kuyang'ananso kumbali. "Ndinyamuka Lachinayi m'mawa," anatero.

Masiku atatu otsalawo ine ndi a Mphuno tinamanga batire lina ndi miyala yatsopano yomaliza imene anali nayo. Tinaliphunzitsa kawiri kuti titsimikize. Kunja ndinamatapo pepala n'kulembapo ndekha tsiku, kuti miyala ndi yatsopano koma bolodi ndi yakale, ndi maola amene likhale. Za kumene ndigwire ntchito tsopano, pakhonde la a Mphuno anthu ayamba kubwera mmodzimmodzi, ambiri otumizidwa ndi mphunzitsi uja. Kalata ya mapepala anga sinayankhidwe. Mwezi uno sinditumiza kanthu, mundikhululukire.

Lachinayi ndinawapeza adalaivala injini ikulira kale. Anawerenga pepala lija pang'onopang'ono.

"Maola atatu okha? Lija linkati asanu."

"Lija linkanama. Awa ndi atatu enieni."

Analikulunga mu thaulo n'kuliika kuseri kwa mpando. Ndinawauza kuti pamenepo pamatentha ndi injini, aliike m'chikwama cha zovala. Anandiyang'ana, koma analisuntha. Atakwera anatsitsa galasi.

"Mwana wanga akuti ndikuthokozeni," anatero. "Ine sindinafike pamenepo."

Ndinati ndamva, bambo. Lole inatuluka pageti, ine ndinaima pomwepo mpaka fumbi linatha, kenako ndinapita kukakwera basi.

Onse naini apezeka, Ababa.

Ndine mwana wanu.